OTSALA PAKHOMO: Phunziro la Banja la Munthu Womangidwa Wopanda Mlandu

Mau owerenga: Yeremiya 32:6-15; 37:11-21; 38:7-13; 2 Mafumu 4:1-7.

Munthu akamangidwa, boma lilemba dzina limodzi m'buku lace, ndipo anthu a m'mudzi nao awerenga munthu mmodzi. Koma iye amene anakhalapo pa khomo pamene panacotsedwa mwamuna adziwa kuti unyolo umodzi umanga anthu ambiri. Umanga mkazi wotsala ndi khasu limodzi m'munda wa makasu awiri. Umanga mwana amene aleka sukulu cifukwa ca kusowa ndalama. Umanganso nkhalamba imene inali kuyembekeza kuti mwana wace adzaifolerera nyumba mvula isanagwe. Phunziro lathu liri la anthu otere, otsala pakhomo. Tifuna kuona mabvuto ao, ciyembekezo cao, ndi mangawa amene mpingo wa Kristu uli nao kwa iwo.

Tidzatenga citsanzo ca zimene zinagwera abale athu a ku Malawi m'caka ca 1959, pamene dzina la dzikolo linali Nyasaland. Ife sitiri alendo pa nkhaniyi, pakuti malire anadula mitundu yathu pakati. Acewa a Kalonga Gawa Undi ali mbali zonse, Angoni ndi Atumbuka cimodzimodzi, ndipo ambiri a ife tiri ndi malume kapena azakhali tsidya lija la Mchinji ndi Kasungu.

1. Zimene zinacitika m'caka ca 1959

M'caka ca 1953 maiko atatu, Northern Rhodesia, Southern Rhodesia ndi Nyasaland, anaphatikizidwa m'Citaganya, ngakhale eni dziko ambiri anakana. Iwo anaopa kuti malamulo a tsankho a ku Salisbury adzafika kwao, ndi kuti nthaka yao idzalandidwa. Ku midzi kunalinso madandaulo cifukwa ca malamulo a malimidwe, pakuti munthu wosaunda mizere ndi migula monga mwa lamulo anali kulipitsidwa kapena kumangidwa. Dr. Hastings Banda anabwerera ku Nyasaland pa 6 Julayi 1958 natsogolera cipani ca Congress, ndipo pofika Febuluwale 1959 dziko linatekeseka. Miseu inatsekedwa ndi mitengo, ndipo bwalo la ndege la ku Fort Hill, kumene lero ndi Chitipa, linagwidwa ndi anthu.

Pa 3 Marici 1959 Bwanamkubwa Sir Robert Armitage analengeza malamulo a nthawi ya ngozi, amene anthu anangowachula Emejensi. Malamulowo anapatsa boma mphamvu ya kusunga munthu m'ndende osamzenga mlandu. Kusanace, apolisi ndi asilikali anagogoda pa zitseko anthu ali m'tulo. Dr. Banda anamtengera ku ndende ya Gwelo ku Southern Rhodesia, ena ku Khami pafupi ndi Bulawayo, ndi ambiri ku msasa wa Kanjedza ku Limbe. Onse osungidwa motere anaposa 1,300, ndipo anthu oposa 50 anaphedwa. Ku Nkhata Bay omangidwa anaikidwa m'sitima ya pa nyanja yochedwa Mpasa. Khamu la anthu linasonkhana pa dooko kufuna abale ao, asilikali anaombera, ndipo anthu osacepera 20 anafa tsiku limenelo.

Kuno kwathu, m'mwezi womwewo, Bwanamkubwa Sir Arthur Benson analetsa cipani ca Zambia African National Congress. Kenneth Kaunda anampirikitsira ku Kabompo, ndipo pambuyo pace anaikidwa m'ndende kufikira Januwale 1960. Atsogoleri anzace anatumizidwa ku madera akutali ndi mabanja ao.

Boma la Nyasaland linanena kuti Congress inapangana ciwembu ca kupha Azungu, Amwenye ndi mafumu ogwirizana ndi boma. Boma la Britain linatuma bungwe lotsogoleredwa ndi woweruza Patrick Devlin kudzafufuza. M'Julayi 1959 bungwelo linanena kuti ciwawa cinalipodi, ndi kuti boma linayenera kucitapo kanthu. Koma ciwembu ca kupha anthu, monga boma linacifotokozera, silinacipeze. Linanenanso kuti m'madera ena anthu anamenyedwa, nyumba zinatenthedwa ndi zipangizo zinalandidwa. Ngakhale zinatero, zitseko za ndende sizinatseguke msanga. Dr. Banda anamasulidwa pa 1 Epulo 1960, Emejensi inatha m'Juni, ndipo otsiriza anaturuka m'Sepitembala caka comweco.

2. Nyumba imodzi mwa zambiri

Mabuku a mbiri asunga maina a akuluakulu. Koma ambiri mwa omangidwa anali anthu wamba: alimi, aphunzitsi a masukulu a m'midzi, akalipentala, osoka zobvala pa khonde la sitolo. Ena anali atsogoleri a nthambi za cipani, ena anangogula khadi, enanso anangonenezedwa ndi munthu amene anali nao cakukhosi. Tiyeni tiike pamaso pathu banja limodzi monga cifanizo ca onsewo. Sitilipatsa dzina, pakuti zimene tinene zinacitika m'nyumba zambiri.

Mwamuna atengedwa m'mwezi wa Marici. Mlimi ali yense adziwa mwezi umenewu. Nkhokwe yatha, cimanga ca m'munda cangoyamba kukhwima, fodya afuna manja tsiku ndi tsiku, ndipo anyani ndi nguluwe zayamba kulowa m'minda. Mkazi atsala ndi ana anai, wamng'ono ali kumbuyo. Sadziwa kumene mwamuna wace apita naye, sadziwanso tsiku la kubwera kwace. Munthu woweruzidwa m'bwalo amauzidwa miyezi yace, ndipo a kwao amawerenga miyeziyo pa zala; koma wosungidwa wopanda mlandu alibe tsiku, cotero a kwao alibe cowerenga.

Mwa mwambo wathu mkazi wotere ayang'ana kwa mlongo wace, mwini mbumba. Koma masiku amenewo amuna ambiri anali ku nchito ku Walale, ku Joni ndi ku migodi ya kopa, ndipo kalata inali kutenga masabata. Tsono mkazi akolola yekha. Fodya aonongeka m'cigafa posowa womsamala. Mbuzi igulitsidwa kuti apeze ya ulendo wa ku boma kukafunsa za mwamuna wace, ndipo abwerako wopanda yankho. Mwana woyamba, amene mphunzitsi anati ali ndi mutu wabwino, abwezedwa ku sukulu, nayamba kuyenda m'maganyu pamodzi ndi amace. Mvula ya caka cotsatira ipeza denga losafolera ndi munda wolimidwa theka.

Koma cowawa coposa njala ndi ici: njira ya ku nyumba yace imera udzu. Mwamuna akamwalira, mudzi wonse usonkhana. Akazi adza ndi ufa ndi nkhuni, amuna agona panja, akulu a mpingo alalikira ndi kutonthoza. Koma mwamuna akamangidwa pa nkhani za dziko, anthu aopa kuoneka pa khomo pace, kuti angalembedwe nao. Ena anong'ona pa citsime kuti, "Boma silimanga munthu cabe, ciripo cimene anacita." Motero mkaziyo akhala wamasiye wa mwamuna wamoyo, wopanda maliro ndi wopanda omkhuza.

3. Mneneri pa cipata ca Benjamini

Buku Lopatulika silibisa kuti munthu wolungama akhoza kumangidwa pa bodza. Werengani Yeremiya 37. Yerusalemu anazingidwa ndi nkhondo ya ku Babulo m'masiku a mfumu Zedekiya. Pamene gulu la Farao linaturuka ku Aigupto, Akasidi anacoka kanthawi, ndipo Yeremiya anafuna kupita kwao ku dziko la Benjamini pa nkhani ya colowa ca banja. Pa cipata kapitao wa alonda, dzina lace Iriya, anamgwira namnenera kuti alikuthawira kwa adani. Yeremiya anakana, koma panalibe womumvera. Akuru anamkwapula namtsekera m'nyumba ya Yonatani mlembi, imene anaisandutsa ndende. Panalibe mboni, panalibe bwalo.

Tione zinthu ziwiri pano. Coyamba, pa nthawi ya cipolowe olamulira acita mantha, ndipo mantha safunsa umboni. Mau a munthu mmodzi pa cipata akwanira kuika mnzace m'dzenje. Caciwiri, mfumu Zedekiya anadziwa kuti Yeremiya alibe mlandu, pakuti anamuitana mobisa kufunsa mau a Yehova. Koma anaopa akuru ace, ndipo cimene anatha kucita ndico kumsamutsira ku bwalo la alonda ndi kulamula kuti azilandira mkate umodzi pa tsiku. Kudziwa coonadi ndi kukhala cete ndiko kucimwa kwa Zedekiya, ndipo ndiko kucimwa kumene kuyesa mpingo nthawi zonse zotere.

Cifukwa cace Mkristu asafulumire kunena kuti womangidwa ali yense ndi wocimwa. Yosefe anakhala m'ndende pa bodza la mkazi wa Potifara. Yohane Mbatizi anafera m'ndende cifukwa ca kudzudzula mfumu. Ambuye wathu mwini anagwidwa usiku, naimiridwa ndi mboni zonama. Tilemekeza boma ndi kulipempherera monga Mau atiphunzitsa, koma boma liri la anthu, ndipo anthu amalakwa.

4. Nsanza za Ebedi-Meleki ndi mbiya za anansi

Pambuyo pace akuru anaponya Yeremiya m'citsime copanda madzi, namira m'thope. M'nyumba yonse ya mfumu anapezeka munthu mmodzi yekha wolimba mtima, ndiye Ebedi-Meleki Mkusi, munthu wa ku Africa, mlendo ndi kapolo. Iye anapita kwa mfumu poyera, pa cipata pamene anthu anali kuona, nanena kuti cocitidwaco ndi coipa. Atalandira cilolezo anatenga amuna ndi zingwe. Koma asanafike pa citsime anayamba walowa m'nyumba yosungiramo zinthu, natola nsanza ndi zobvala zakutha, kuti mneneri aziike m'khwapa zingwe zisamceke.

Taonani cifundo ca munthu uyu. Analibe mphamvu ya kuletsa nkhondo kapena kucotsa akuru oipa. Anali ndi pakamwa, zingwe ndi nsanza, ndipo anagwiritsa nchito zonse zitatu. Mulungu sanamuiwale, pakuti pa Yeremiya 39 tiwerenga kuti analonjezedwa moyo pa tsiku la kugwa kwa mudzi.

M'caka ca 1959 analipo Akristu amene anayenda m'mapazi a Ebedi-Meleki. Ku Livingstonia ndege ya boma inaponya uthenga wofunsa ngati amishoni afuna kucotsedwa cifukwa ca ngozi. Akristu akuda ndi oyera anapangana kukhala pamodzi, ndipo anayankha poyala miyala yoyera pa bwalo, yolemba buku ndi ndime ya Aefeso 2:14, kuti a m'ndege awerenge. M'Meyi caka comweco Msonkhano Waukuru wa Church of Scotland unapempha kuti omangidwawo aweruzidwe m'bwalo kapena amasulidwe. Izi zinalembedwa. Koma zinalipo nchito zina zazing'ono zosalembedwa, zimene Mulungu yekha anaziwerenga: lichero la ufa losiyidwa pa khomo madzulo, kalata yolembera mkazi wosadziwa kulemba, tsiku limodzi la kupalira m'munda wa mwini wosakhalapo.

Yeremiya analibe mkazi kapena ana, cotero za otsala pakhomo tiphunzira pa 2 Mafumu 4. Mkazi wa mmodzi wa ana a aneneri anatsala ndi ngongole, ndipo mwini ngongole anali kudza kudzatenga ana ace awiri akhale akapolo. Elisa anamfunsa cimene anali naco m'nyumba, ndipo munali kambiya ka mafuta kokha. Mneneri anamtuma kukabwereka zotengera kwa anansi ace onse. Mafuta anaturuka kufikira cotengera cotsiriza cinadzala, pomwepo analeka. Mkaziyo anagulitsa mafuta, nabweza ngongole, nakhala ndi zotsala iye ndi ana ace.

Abale, mafuta anacokera kwa Mulungu, koma mbiya zinacokera kwa anansi. Anansiwo akadatseka zitseko zao poopa mwini ngongole, mafuta akadathiridwa muti? Kawiri kawiri tipempherera banja losauka kuti Mulungu alithandize, pamene mbiya imene Mulungu afuna kudzaza iri m'nyumba mwathu, ndipo taikaniza.

5. Tsiku la kumasulidwa si mathero a mabvuto

Tibwerere ku banja lathu lija. Patapita caka ndi miyezi, mwamuna atsika pa basi ndi kathumba m'manja. Pali nthungululu, nkhuku iphedwa, ndipo anthu amene anali kulambalala nyumbayo adza kudzampatsa moni. Mkazi aganiza kuti zonse zatha. Koma patapita masabata awiri alendo aleka kudza, ndipo banja liyamba kuona cimene ndende yasiya.

Nchito ya mwamuna inapatsidwa kwa wina. Ngongole za mkazi ziyembekeza. Mwana wamng'ono athawa atate wace, pakuti sawadziwa. Mwana wamkuru wapitirira msinkhu wa kalasi lace, ndipo acita manyazi kukhala pansi pamodzi ndi ang'ono ace. Mwamunayo adzidzimuka usiku akamva galimoto pa mseu, akwiya pa zinthu zazing'ono, kapena angokhala duu pa khonde tsiku lonse. Mkazi, amene anasenza nyumba yekha miyezi yonseyi, wazolowera kudzilamulira, ndipo mwamuna aona ngati alibenso malo pa khomo pace. Mabanja ena amene anapirira nthawi ya ndende anapasuka pa nthawi ya kubwera. Akulu a mpingo ndi ankhoswe adziwe ici, ndipo asaleke kuyendera nyumba yotere pamene nthungululu zatha.

Ndipo pali bala lina lakuya. Masiku amenewo munthu woganiziridwa kuti apereka anzace kwa boma anali kuchedwa kapirikoni. Womasulidwayo adziwa, kapena aganiza kuti adziwa, amene anamnenera. Munthuyo akhala m'mudzi womwewo, ndipo mwina akhala pa mpando wa patsogolo m'nyumba ya Mulungu. Tsiku la Mgonero lifika. Kodi awiriwa adzamwera cikho cimodzi bwanji?

Pano mpingo uyenera kuyenda mosamala. Usanene kwa wolakwiridwa kuti, "Iwalani, zinapita," pakuti kutero ndiko kuphimba cironda ca mafinya ndi nsaru yoyera. Paulo ndi Sila atakwapulidwa ndi kutsekeredwa ku Filipi osaweruzidwa, oweruza anafuna kuwaturutsa mwakacetecete. Koma Paulo anakana, nafuna kuti eni akewo adze okha kudzawaturutsa (Macitidwe 16:35-39). Mkristu aloledwa kunena kuti coipa ndi coipa, ndi kufuna kuti dzina lace liyeretsedwe. Cimene saloledwa ndico kubwezera. Tsono akulu aitane awiriwo, afufuze bwino, pakuti ambiri anachedwa akapirikoni pa mphekesera cabe, ndipo kunenera munthu wosalakwa ndiko kubwereza cimo la Iriya. Ngati mlandu ulipodi, wolakwa aulule pamaso pa mboni, ndipo abweze cimene angathe, kapena mbuzi, kapena masiku a nchito m'munda wa mnzace. Wolakwiridwa apatsidwe nthawi; Yosefe yemwe sanadziulule kwa abale ace tsiku loyamba. Koma aphunzitsidwe mwacikondi kuti mkwiyo wosungidwa ndiwo ndende yaciwiri, imene mfungulo yace iri m'dzanja lace.

6. Munda wa ku Anatoti

Kodi banja lotere likhala ndi ciyembekezo cotani? Ambiri a m'masiku aja anaika mtima wao wonse pa ufulu wa dziko. Citaganya cinatha pa 31 Disembala 1963, Malawi analandira ufulu pa 6 Julayi 1964, ndi Zambia pa 24 Okutobala 1964. Izi zinali mphatso zazikuru, ndipo tiyenera kuyamika Mulungu ndi kulemekeza iwo amene anazibvutikira. Koma akulu anati, walira mvula walira matope.

Ku Malawi, m'Sepitembala 1964, nduna zinasemphana ndi Dr. Banda, ndipo ena anathawira kuno ndi ku Tanzania. Kusunga anthu osawazenga mlandu kunabwerera, ku Dzeleka m'boma la Dowa ndi ku Mikuyu pafupi ndi Zomba. Ndipo lamulo la 1966 linalola boma kulanda cuma ca munthu, kotero kuti mkazi ndi ana anataya ndi nyumba yomwe. Orton Chirwa, amene anamangidwa ndi Atsamunda mu 1959, anagwidwanso mu 1981 pamodzi ndi mkazi wace Vera, nafera m'ndende ya Zomba mu 1992. Pambuyo pa 1994 dzikolo linakhazika bwalo la kupepesa ozunzidwa, koma ambiri mwa odandaula sanalandire zimene anayembekeza. Ifenso tisadzitame. Malamulo a Emejensi anakhala m'Zambia kuyambira 1964 kufikira 1991, ndipo Simon Kapwepwe, bwenzi la Kaunda kuyambira ubwana, anatsekeredwa mu 1972. Kaunda mwini anagwidwanso pa tsiku la Krisimasi mu 1997. Indedi, caona mnzako capita, mawa ciri pa iwe.

Tiphunzirapo kuti mbendera ikasintha mtima wa munthu susintha nayo pamodzi, ndi kuti womangidwa dzulo akhoza kukhala womanga anzace mawa ngati saopa Mulungu. Cotero ciyembekezo ca banja losauka cisamangidwe pa munthu kapena pa cipani.

Yeremiya ationetsa maziko ena. Ali cikhalire m'bwalo la alonda, nkhondo itazinganso mudzi, Hanameli mwana wa mbale wa atate wace anadza kudzamgulitsa munda wa ku Anatoti. Mwa nzeru za anthu uku kunali kutaya ndalama, pakuti adani anali ataponda kale dziko lonselo. Koma pa lamulo la Mulungu Yeremiya anayesa masekeli 17 a siliva, nalemba kalata pamaso pa mboni, napatsa Baruki kuti aisunge m'mbiya ya dothi ikhale masiku ambiri. Kugula kumeneko kunali ulaliki wakuti dziko lidzalimidwanso. Ndipo Yerusalemu atagwa, akuru amene anaponya mneneri m'citsime anaphedwa kapena kutengedwa ukapolo, koma aumphawi opanda kanthu anasiyidwa m'dziko napatsidwa minda (Yeremiya 39:10).

Ciyembekezo ca Cikristu ciri ndi manja. Mkazi amene asunga mbeu m'cikwatu pamene ana alira njala wagula munda wa ku Anatoti. Atate womasulidwa amene agulitsa njinga yace kuti mwana abwerere ku sukulu wagula munda wa ku Anatoti. Iwo acita ici osaona mathero ace, pokhulupirira kuti Iye amene anaukitsa Yesu m'manda osindikizidwa ndi olondedwa ndi asilikali ali ndi mau otsiriza pa nyumba yao.

7. Mangawa athu lero

Masiku a Emejensi anapita, koma otsala pakhomo akalipo. Alipo anthu amene akhala m'ndende miyezi yambiri mlandu wao usanazengedwe, ndipo ena pomariza apezeka osalakwa. Ngakhale iye amene analakwadi, ana ace sanalakwe. Ambuye anadziika yekha pakati pa am'ndende (Mateyu 25:36), ndipo kalata ya kwa Ahebri itilamula kuwakumbukira monga ngati tamangidwa nao pamodzi (13:3). Nanga mpingo wa m'mudzi ucitenji?

Coyamba, mkulu wa dera afike pa nyumbayo sabata lomwelo, masana, anthu akuona, pamodzi ndi amai awiri a Cigwirizano. Asadikire kuitanidwa, patsepatse nkulanda, mwana wa mfulu apatsa yekha. Ndipo asangoti, "Amai, tirikukupemphererani," koma afunse monga Elisa: "Amai, m'nkhokwe mwatsala ciani? Kumunda mwalekera pati? Ana onse alikupita ku sukulu?"

Caciwiri, mpingo uitane dima pa nthawi ya kulima, ya kupalira ndi ya kukolola, ndipo anyamata amwete udzu wa denga. Munda usagone, pakuti munda wogona caka cimodzi ubala njala ya zaka ziwiri.

Cacitatu, mwana asaleke sukulu. Yunifolomu, makope ndi nsapato zicokere m'thumba la aumphawi, ndipo ana athu aletsedwe kumtonza mnzao ndi dzina la ndende.

Cacinai, wodziwa kuwerenga aperekeze banjalo ku polisi ndi ku khoti. Adziwe kuti bondi ya ku polisi siigulidwa ndi ndalama, ndi kuti bungwe la Legal Aid Board linaikidwa ndi boma kuti lithandize osauka amene sangathe kulipira loya.

Cacisanu, womangidwa ayenderedwe ndi kulemberedwa makalata, auzidwe za ana ndi za munda. Akabwera alandiridwe poyera m'nyumba ya Mulungu, ndipo ayenderedwebe caka cathunthu.

Palibe cimodzi mwa izi cimene cifuna cuma cambiri. Ndi nsanza ndi zingwe, ndi mbiya zobwereka. Koma mwana amene anaona Akristu alikupalira m'munda wa atate wace, pamene ena onse anaopa, sadzafuna munthu womtsimikizira kuti Mulungu alipo.

Mafunso okambirana

1. Kodi kusungidwa wopanda mlandu kusiyana bwanji ndi kuweruzidwa m'bwalo, kwa iwo otsala pakhomo?
2. Zedekiya ndi Ebedi-Meleki onse anadziwa kuti Yeremiya alibe mlandu. Anasiyana pati?
3. Kodi Paulo anacimwa pokana kuturuka mwakacetecete ku Filipi? Kukhululuka kusiyana bwanji ndi kubisa coipa?
4. M'dera lanu muli nyumba imene njira yace yamera udzu? Adzapitako ndani sabata lino, ndipo adzanyamula ciani?

Pemphero

Atate wathu wa Kumwamba, Inu muona m'zipinda zotsekedwa ndi m'nyumba zopanda moto. Kumbukirani onse omangidwa, makamaka iwo amene alibe mlandu, ndipo limbitsani akazi ao, ana ao ndi makolo ao okalamba. Patsani olamulira dziko lathu mtima woopa Inu, ndi oweruza athu kufulumira pa cilungamo. Tikhululukireni masiku amene tinalambalala khomo la mbale cifukwa ca mantha. Ciritsani obwera kucokera ku ndende, ndipo muyanjanitse iwo amene anadana. Tipempha m'dzina la Yesu Kristu, amene anamangidwa kuti ife timasulidwe. Amen.